Buku Lija Munalemba Ndinu

Addis Ababa,
Lachiwiri, 9 Disembala.

Okondedwa Achemwali anga a Tsedale,

Landirani moni wochokera kwa ine mlongo wanu Zerihun. Muli bwanji kumeneko ku Sweden? Nanga msana uja unkakuvutani chifukwa chonyamula okalamba kuntchito kwanuko, wayamba kumva mankhwala? Alamu anga a Yilma ali bwanji? Mwana wanu Meklit tinamva kuti wakupitirirani msinkhu. Kuno tonse tadzuka. Amayi mawondo ndi omwe aja, koma kutchalitchi sajomba. Mkazi wanga Sinidu ali bwino ndipo ana ali pasukulu. M'mawa kwayamba kuzizira, ngakhale ndikudziwa kuti inu mukamva ife tikudandaula za kuzizira mumangotiseka.

Achemwali, iyi si kalata ya mizere isanu ngati zija ndimakutumizirani pa Khirisimasi. Khalani pansi kaye. Ndikulemba za buku lija. Pachikuto pali dzina langa, koma munalemba ndinu. Papita zaka khumi ndi chimodzi, ndipo aka n'koyamba kuti mawu amenewa atuluke mwa ine. Zanditengera nthawi yonseyi, ine munthu wa imvi, woti ndimaima pamaso pa ophunzira mazana atatu osaphethira n'komwe.

Zambiri mukuzidziwa kuposa ine. Komabe ndiloleni ndiyambire pachiyambi, chifukwa nkhaniyi ndakhala ndikuikamba mokhotetsa kwa nthawi yaitali, mpaka ine mwini ndinayamba kukhulupirira bodza langa.

Mukukumbukira kuti atate, pokhala mphunzitsi wa patchalitchi, ankafunitsitsa kuti ine mwana wamwamuna ndidziwe Chigeezi, chilankhulo cha mabuku akale a makolo athu. Ine mutu unali ku mpira ndi ku makani. Inu munkakhala pakhomo mukusankha mphodza, khutu lili kwa atate, ndipo pamene ine ndinkalimbana ndi mzere woyamba inu munali mutaloweza tsamba lonse. Atate anataya nane mtima. Anati ndipite ndikaphunzire zamalamulo, poti pakamwa pokha ndiye Mulungu anandipatsa mosaumira. Zilembo zake ndimazitchula, si ndi zomwezi timalembera chilankhulo chathu cha Chiamhara, koma tanthauzo ndiye mdima wokhawokha mpaka lero.

Ndiye chaka chija munabwera kunyumba kwanga musanapume n'komwe, chikwama chikadali paphewa. Munati mwamva kuti ku Amba Mehret, kunyumba ya amonke ya pamwamba pa thanthwe, kuli buku la zikopa za mbuzi la zaka mazana asanu ndi limodzi. M'bukumo muli nkhani ya mfumu imene inalanda chitsime cha mayi wamasiye, mayiyo n'kukasuma, woweruza n'kugamula kuti mfumu ibweze. Munandiloza chala. Munati ife a zamalamulo timaphunzitsa ana kuti nzeru yoti mfumu nayo ili pansi pa lamulo inabwera ndi azungu, chonsecho makolo athu anailemba kalekale ife tili m'tulo.

Vuto linali limodzi. Ku Amba Mehret mkazi sakwera. Ngakhale nkhuku yathadzi sailola. Ndiye munandigwira mkono n'kunena kuti tiye, iwe ukakhale miyendo yanga ndi maso anga.

Masiku asanu ndi anayi aja sindidzawaiwala. M'mawa amonke ankandikoka ndi chingwe cha chikopa, ine maso nditatsinzina, ndikuitana oyera onse amene ndinkawadziwa ndi ena ongopeka. Pamwamba, Abba Kinfe, wosunga mabuku, ankanditsegulira tsamba limodzilimodzi ine n'kumajambula. Masana ndinkatsika. Inu munkakhala pamwala pansi pa mkuyu uja, kamera pamiyendo, kope pambali, kuwerenga osadzutsa mutu.

Kenako mafunso. Munkandilowezetsa liwu ndi liwu, ndikaphonya n'kundibwerezetsa. Ine n'kukwera nalo funso, Abba n'kuyankha, ine n'kutsika nalo yankho. Tsiku lina yankho silinakusangalatseni, munandibweza nthawi yomweyo. Kawiri pa tsiku pachingwe chija, mayo ine! Manja anatuluka matuza. Anthu awiri osaonanapo nkhope munkakangana kudzera mwa ine, ndipo ine wonyamula mkanganowo sindinkamva ngakhale theka lake. Inu munkanditcha bulu wanu wa makalata. Abba akandiona ndikutulukira pakamwa pa thanthwe ankangoti mthenga wafika.

Tsiku lomaliza munandituma funso limene Abba analephera. Anati ndikakuuzeni kuti sakudziwa, koma afufuza. Munaseka mpaka misozi, munati mkulu uja mwamugonjetsa.

Munalemba zaka ziwiri. Atate atayamba kudwala munapita ku Gondar kukawasamala, n'kundisiyira makope asanu ndi awiri kuti ndikataipitse ndi kukapereka kwa osindikiza. Tinagwirizana kuti ine ndiwonjezere mitu iwiri yokha, yoyerekeza nkhaniyo ndi malamulo aakulu oyendetsera dziko lathu lero. Mitu isanu ndi iwiri inali yanu.

Apa ndi pamene ndakhala ndikudzinamiza. Ndinkadziuza kuti osindikiza ndi amene anakana dzina lanu. Ayi ndithu, sanakane. Mkonzi anangondikumbutsa mwambo wa akatswiri a mabuku akale, woti womasulira amalemba poyambirira kuti bukulo analiona ndi maso ake ndi kuligwira ndi manja ake. Anati akatswiri akaona dzina la mkazi pa buku la ku Amba Mehret adzafunsa kuti analiona bwanji. Choncho anapempha kuti tiwonjezere tsamba limodzi lofotokoza mmene tinagwirira ntchito, inu pansi ine pamwamba. Tsamba limodzi lokha, Achemwali.

Ine ndi amene ndinatuluka muofesimo ndi maganizo ena. Nthawi imeneyo ndinkafuna kukwezedwa kuyunivesite, ndipo ndinalibe buku. Ndili m'basi ndinayamba kudzifunsa ngati ndili m'khoti. Anakwera chingwe ndani? Ine. Anagwira zikopa ndani? Ine. Anajambula ndani? Ine. Pofika kunyumba mlandu ndinali nditawina. Loya akafuna kudzinamiza sasowa mfundo, ndipo zanga zinali zokonzedwa bwino zedi.

Dzina lanu ndinalichotsa pachikuto n'kulikankhira pa tsamba la zothokoza. Mawu ake mukuwadziwa, koma ndiwalemba kuti ndiwaone ndi maso anga: “Ndikuthokozanso mlongo wanga Tsedale, amene ankatiphikira pa ulendo wa ku Amba Mehret.” Kuphika kwake kuti? Tinkadya mkate wa injera wa kwa mayi uja wa m'munsi mwa phiri. Inu simunawiritse ngakhale madzi a khofi, munalibe nthawi.

Buku linatuluka atate atangomwalira. Ine, mopanda manyazi, ndinabwera nalo pa mwambo wowakumbukira wa tsiku la makumi anayi. Munalilandira ndi manja awiri. Munayang'ana pachikuto, munatsegula, munawerenga tsamba lija, munatseka. Ndinkayembekeza kuti mundimenya nalo kumaso, ndipo zikanandipepukira. Munangoti chikuto chake n'chokongola, n'kubwerera kukagawira alendo chakudya.

Patapita miyezi isanu ndi umodzi a kuyunivesite anakuuzani kuti malo anu a uphunzitsi apereka kwa wina, poti inu munalibe chosindikiza chilichonse. Ndinamva tsiku lomwelo. Ofesi ya mkulu wa dipatimenti yanu inali masitepe makumi awiri kuchokera pa yanga. Sindinapiteko. Chaka chisanathe munali mutanyamula mwana n'kutsatira alamu kunja, ndipo mutu umene atate ankaunyadira unakathera kusambitsa ndi kudyetsa okalamba a eni. Ntchitoyo sindikuinyoza, ndi yaulemu kuposa yanga. Koma si imene munasankha.

Ine buku linandikweza. Ndinakhala pulofesa. Majaji anayamba kulitchula m'zigamulo zawo, ophunzira kuliloweza, misonkhano kundiitana uku ndi uku. Wina akandifunsa funso lozama la Chigeezi ndinali ndi njira yanga. Ndinkamwetulira n'kunena kuti funso labwino kwambiri, tikambirane pa nthawi ya tiyi. Nthawi ya tiyi ikakwana ine ndili m'chimbudzi, chitseko chokhoma. Zaka khumi ndi chimodzi, pulofesa wathunthu kubisala m'zimbudzi za mahotela.

Tsopano imvani zimene zachitika.

Chaka chino dzina langa linaperekedwa kuti ndikhale mmodzi wa majaji a kukhoti lalikulu. Anzanga a kuyunivesite anati zimenezi n'zosangalalira, anakonza mwambo wolemekeza bukulo Lachinayi la sabata yapita ija. Holo inadzaza. Kutsogolo kunakhala Jaji Wubalem, mayi uja amatsogolera komiti younika mayina, woti maloya akamva nsapato zake m'khonde amakonza mataye. Ine ndinavala suti yatsopano, Sinidu ali pambali panga.

Osadziwa kuti anzangawo andikonzera chodabwitsa. Wina anamva kuti Abba Kinfe ali mumzinda muno. Ng'ala inawatseka maso onse awiri, ndiye amonke anzawo anawatsitsa pachingwe kuti adzachitidwe opareshoni, koyamba kuponda pansi patatha zaka makumi anayi. Anzanga anaganiza kuti ndikondwa kuwaona. Chitseko chitatseguka n'kuona kankhalamba kovala zachikasu, diso limodzi lomatidwa, akukagwira mkono, ndinadziwa nthawi yomweyo kuti ndi Abba.

Anawabweretsa kwa ine. Nditangopereka moni anandizindikira mawu, anandigwira manja onse awiri n'kunena mokondwa kuti mthenga uja ndi uyu. Anthu anaseka mwachikondi, ine ndinasekanso. Kenako anawapatsa chimkuzamawu kuti adalitse mwambo. Iwo anatembenuza mutu uku ndi uku ngati akufuna munthu.

“Nanga mwini mafunso ali kuti?” anafunsa. “Uja ankakhala pansi pa mkuyu. Ndabwera ndi yankho lake.”

Anthu onse anatembenukira kwa ine. Abba sanazindikire kanthu. Iwo ankaganiza kuti mwambowo ndi wanu, ndipo anayamba kukutamandani ndi mtima wonse. Anati pa zaka zawo zonse zosunga mabuku palibe anawapanikizapo ngati mayi ameneyu. Anati munawagwira atalakwitsa kawiri, ndipo kachiwiriko sanagone. Anati mthengayu anali wokhulupirika, ngakhale zinali zoonekeratu kuti zimene wanyamula sakuzimva. Ankanena akumwetulira, dzanja lawo lili paphewa langa.

Kenako anapempha kuti aligwireko bukulo. Analisisita, analinunkhiza, n'kupempha kuti wina awawerengere pachikuto. Amene anali pafupi anali Jaji Wubalem. Anawerenga mutu wake, anawerenga dzina langa. Abba anadikira, kenako anafunsa kuti basi? Jaji anatsegula masamba mosafulumira, anapeza dzina lanu, n'kuwerenga mzere wa zophika uja mokweza, pamaso pa anthu mazana anayi.

Achemwali, apa ndi pamene pali chimene simukuchidziwa, ndipo ndi chimene chikundiwotcha kuposa zonse. Mulungu anandipatsa mpata woti ndinene zoona. Ndinangoyenera kutsegula pakamwa. Ndinatseguladi, koma mukudziwa chimene chinatuluka? Ndinatenga chimkuzamawu, ndinaseka, n'kunena kuti Abba athu akula, zaka zimasakaniza zinthu m'mutu, ndipo n'zoona kuti mlongo wanga ankandithandiza kusanja mafunso. Ndinanena mokoma, mwanthabwala, mmene ndimachitira m'kalasi.

Anthu anapumira m'mwamba n'kuseka, ena anawomba m'manja. Palibe amafuna kuti phwando liwonongeke chakudya chisanabwere. Jaji Wubalem yekha sanaseke. Abba anachotsa dzanja paphewa langa pang'onopang'ono, n'kupempha kuti awapezere pokhala.

Mwaonatu. Poyamba ndinakuberani inu muli kutali mukusamala atate. Tsopano ndinatcha munthu wa Mulungu wozerezeka ali chiimire pambali panga, kuti ndipulumutse suti yanga.

Patatha masiku atatu ndinapita kunyumba ya alendo ya tchalitchi kumene akukhala, pafupi ndi chipatala. Ndinanyamula malalanje. Ndikanakonda kukuuzani kuti ndinapita kukapepesa, koma ndalonjeza kuti m'kalata muno simukhala bodza. Ndinapita kukaona ngati mkuluyo akufuna kuipititsa patsogolo nkhaniyi.

Ndinawapeza akuwothera dzuwa pakhonde. Sanandikalipire. Anandiuza kuti ndikhale, n'kundifunsa ngati ndikukumbukira funso lomaliza limene ndinakwera nalo. Ndinakanda m'mutu, ndinatsokomola, ndinayang'ana malalanje. Funso limene buku langa lonse laimapo, ine mwini buku osalidziwa.

Anandikumbutsa okha. Buku la zikopa lija limathera pa chigamulo, masamba otsiriza anathothoka kalekale. Inu munafunsa kuti kodi mfumuyo inabwezadi chitsime, kapena inangomva chigamulo n'kupitiriza kumwa madzi a mayi wamasiye? Atanena zimenezi ndinakumbukira chinthu china. M'mutu wanga womaliza ndinalemba motsimikiza kuti mfumu inamvera. Inu munalemba m'mphepete ndi cholembera chofiira kuti sitikudziwa, usalembe zimenezi. Ine ndinaona kuti buku likoma likathera pabwino, ndinasiya momwemo. Mzere umenewo ndi umene majaji amakonda kuutchula.

Abba anati anafufuza zaka zisanu ndi zinayi. Anatsegula buku lililonse la pamwamba paja, mpaka anapeza nkhani ya chitsimecho italembedwa m'mphepete mwa buku lina la Uthenga Wabwino, mmene akale ankalembamo za minda ndi malire. Anakopera papepala maso asanatsekeke. Pepalalo analisunga zaka zinayi m'kathumba kachikopa pachifuwa, kudikira kuti mwina mudzabweranso pansi pa mkuyu. Analitulutsa n'kuliika m'manja mwanga.

“Masiku asanu ndi anayi aja sunagwetse liwu ngakhale limodzi,” anatero. “Unali mthenga wabwino, mwana wanga. Chimene chinakulowa pambuyo pake sindikuchidziwa. Tenga, kapereke kwa mwini wake.”

Ine ndi kupusa kwanga ndinafunsa kuti kodi likuti chiyani, mfumu inabweza kapena ayi? Anangoti, “Si lako.”

Ndinatuluka pepalalo lili m'thumba. Galimoto ndinaiiwala pachipatala pomwepo, ndinafika kunyumba wapansi.

Ndinapeza Amayi akukazinga khofi, Sinidu ali nawo. Ndinakhala pansi, osati pampando, n'kuwauza zonse. Ndinkaganiza kuti Amayi akomoka. Iwo anapitiriza kutakasa khofi wawo. Anati iwo kuwerenga sadziwa, koma nkhope ya mwana wawo wamkazi amaidziwa, ndipo anaiwerenga tsiku lija la makumi anayi. Anandifunsa ngati sindinadabwepo kuti buku langa pashelefu ya pabalaza limapezeka nthawi zonse litayang'ana kukhoma. Ine chikhalire ndinkakalipira ana. Anati ankalitembenuza ndi iwo, m'mawa uliwonse akamapukuta fumbi.

“Unandilanda mwana ndi mdzukulu chifukwa cha chikuto,” anatero. Kenako anathira khofi m'makapu awiri, ya Sinidu ndi yawo. Ine anandidumpha. Chibadwire Amayi sanandidumphepo.

Sinidu analira. Poyamba anati ndiganizire ana, ndiganizire mpando wa ujaji umene watsala pang'ono kulowa m'nyumba, nkhaniyi tingaikonze mwakachetechete pachibale. Sindikumuda, ananena zimene ine ndinkaganiza. Koma m'mawa mwake, akundisitira malaya, anati sangathe kukhala ndi jaji amene apongozi ake akumumana khofi. Anati ndipite ndikanene.

Dzulo Lolemba linali tsiku langa lokaonekera ku komiti. Majaji asanu ndi awiri, tebulo lalitali, ine kampando kanga pakati. Jaji Wubalem asanayambe mafunso ndinapempha kuti ndilankhule kaye. Ndinanena zonse zimene ndalemba munozi, za mkuyu, za makope, za tsamba limodzi limene ndinakana kulemba, za mzere wofiira, za Abba. Mawu anga amene amadzaza holo anatuluka ngati a mwana wankhuku. Kawiri konse anandiuza kuti ndikweze.

Jaji wina wachikulire, mnzanga wa kalekale, anayesa kundiponyera chingwe. Anati iyi ndi nkhani ya pabanja, ndipo poti mitu iwiri ndinalembadi ndine, dzina la mlongo likhoza kungowonjezedwa posindikizanso, nkhani n'kutha. Ndinatsala pang'ono kuchigwira chingwecho. Ngakhale pamenepo, nditavula kale chilichonse, loya wa m'kati mwanga anali akusanjabe mfundo.

Jaji Wubalem anavula magalasi n'kundifunsa funso limodzi lokha. “Abba Kinfe akanapanda kutsika phiri, mukanabwera kudzatiuza zimenezi?”

Ndinayankha kuti ayi.

Anandithokoza chifukwa choyankha zoona, n'kutseka faelo. Dzina langa ndalichotsa ndekha, ngakhale ndikudziwa kuti akanalichotsabe. Kuchokera kumeneko ndinapita kwa akuluakulu a yunivesite ndi kalata. Akhala pansi mwezi wamawa kuti aone chochita nane, ndipo upulofesa ndikuona kuti upita. Nkhani yafala kale. Lero m'mawa m'khonde anzanga amene ankandiwombera m'manja anali otanganidwa kwambiri ndi mafoni awo. Sindikudandaula. Ndikungokuuzani kuti mudziwe kuti sindinayambe ndi kupepesa kwa inu n'kusiya zinthu zili momwemo.

Kwa osindikiza ndapitanso. Akuti achotsa mabuku otsala m'masitolo n'kusindikiza mwatsopano, koma sangachite kanthu popanda mawu anu. Mkonzi wake ndi yemwe uja, wakalamba tsopano. Anandiyang'ana n'kunena kuti iye anangopempha tsamba limodzi. Pachikuto dzina la atate, Dibekulu, limene tonse awiri timatchulidwa nalo, likhala pomwe lili. Chochotsa ndi Zerihun, cholowa ndi Tsedale. Ngati mukufuna kuti mitu yanga iwiri itsale, itsale ndi dzina langa m'kati mwa tizilembo ting'onoting'ono. Ngati mukufuna ichoke, ichoke. Makope anu onse asanu ndi awiri alipo, ndinawasunga m'sutikesi pansi pa bedi. Kuwotcha ndinaganizapo kangapo, koma dzanja linkakana.

Pepala la Abba ndaliika m'kalata muno. Ndivomere kuti ndinalitambasula. Zilembo zonse ndinazitchula, kuyambira pamwamba mpaka pansi, osamva kanthu. Ansembe oti akanandiwerengera ali pangodya iliyonse mumzinda muno, koma sindinapite kwa aliyense. Mwina likuti mfumu inabweza. Mwina likuti inakana, ndiye kuti zimene ndakhala ndikuphunzitsa zaka zonsezi zagwa. Mulimonse mmene lilili, mulembe momwemo.

Tsopano pempho langa. Sindikupempha kuti mundikhululukire, ndilibe nkhope yopemphera zimenezo. Zaka khumi ndi chimodzi sindingazibweze, ngakhale ntchito yanu, ngakhale msana wanu. Ndikupempha za Abba.

Diso lachiwiri awachita opareshoni kumayambiriro kwa Januwale. Chikondwerero cha Timketi, chokumbukira ubatizo wa Ambuye, chikangotha akubwerera kuphiri, ndipo anena kale kuti sadzatsikanso, akafera komweko. Panopa ali pansi, Achemwali. Ali pakhonde wamba, pamene mkazi angathe kukoka mpando n'kukhala nawo maso ndi maso, popanda chingwe, popanda bulu pakati. Diso limodzi layamba kale kuona. Dzulo ndi lero ndapitakonso masana, ndipo ndisanakhale n'komwe akumandifunsa ngati mwini mafunso wayankha. Akuti pali mfundo ina ya tsiku lachisanu imene mpaka pano sakugwirizana nanu, ndipo akufuna mukangane bwinobwino asanafe.

Bwerani. Mwatsala ndi masabata asanu ndi limodzi. Ngati simukufuna kuona nkhope yanga, ine ndichoka panyumba ndikakhale kwa abale a Sinidu ku Bishoftu mpaka mutabwerera. Sinidu adzakulandirani kubwalo la ndege, chipinda chakonzedwa kale, Amayi ayamba kale kusinja tsabola. Ngati kalatayi simuyankha ndimvetsa. Koma Abba okha ayankheni, iwo sanakulakwireni.

Mulungu wa atate athu akusungeni, akupatseni mphamvu ndi moyo wautali, ndipo akuchotsereni ululu wa msana. Amayi akuti ndikuuzeni kuti akukupemphererani m'mawa ndi madzulo. Sinidu ndi ana akupereka moni wambiri. Mundiperekere moni kwa alamu anga a Yilma, ndipo muwauze kuti tsopano ndamvetsa chifukwa chake amangopereka foni kwa wina ndikaimba.

Moni wapadera kwa Meklit. Chaka chatha anandilembera kuti kusukulu anawauza kuti alembe za wachibale amene amamunyadira, ndipo iye analemba za amalume ake olemba buku. Anapempha kuti ndimutumizire limodzi nditasaina. Ndinatumiza, Achemwali, ndinasainadi. Pamenepo ndinadziwa kuti zaka zonsezi simunamuuze, kuti mwanayo asadane ndi amalume ake. Chonde muuzeni tsopano. Muuzeni kuti buku lili m'chipinda mwakelo analemba ndi amayi ake.

Ndine mlongo wanu wokulakwirani,

Zerihun